Ndalama ya pa foni silera mwana

Tikakwera minibasi pa Kapata, ambiri foni ili kale m'manja. Wina ali pa bola, wina pa filimu yodzala mfuti ndi kukuwa. Lero tiyeni tikambeko za munthu wopanga mafilimu amene alibe congo olo pang'ono, Hirokazu Kore-eda wa ku Japan.

Mu 2004 anatulutsa filimu yochedwa Nobody Knows, kutanthauza kuti palibe akudziwa. Inacokera pa nkhani yoona imene inacitika mu Tokyo mu 1988. Mai asiya ana anai m'nyumba ya lendi, awasiyira ndalama pang'ono, basi wapita. Wamkulu ali ndi zaka 12 cabe. Ndiye agula cakudya, ndiye awerengera zotsala. Ndalama zitha, malaiti ndi madzi adula, zovala zing'ambika. Anthu apafupi akumana nao tsiku ndi tsiku, koma palibe afunsa.

Kore-eda sakuuzani kuti apa lirani. Kamera yake ingoyang'ana tinthu tating'ono: manja a mwana, nsapato zothina, tsitsi losameta. Anajambula filimuyi pafupifupi caka cathunthu, ana aja nakula tikuwaona. Mu Shoplifters, imene inawina mphoto yaikulu ku Cannes mu 2018, banja losauka litola kamtsikana kozunzidwa kwao ndi kukalera. Funso lake ndi limodzi: kholo ndani, wobala kapena wolera?

Manje musanene kuti izo ndi za ku Japan, ganizani za kwathu. Angati a ife tili mu Chipata kapena ku Lusaka, ana tinasiya ku Kasenengwa ndi ambuya amene maso anayamba kale kuvuta? Pakutha kwa mwezi tituma kandalama pa foni, mtima nukhala pansi. Koma amene atunga madzi, kuphika nsima ndi kubereka kamng'ono kake ndi mtsikana wa giredi 6. Akayamba kulova kusukulu nthawi yolima, adziwa ndani?

Sitikuweruza munthu. Nchito ndi yosowa, ndipo palibe acoka pamudzi cifukwa cokonda. Ngakhale Kore-eda sapanga mai uja kukhala cilombo. Amene atipatsa manyazi mu filimu ija ndi aja oona koma nakhala cete.

Timakonda kunena kuti mwana wa mnzako ngwako yemwe. Pakamwa mpopepuka. Ngati ndi zoona, mwana wogulitsa nthoci pa sitesheni nthawi ya sukulu timufunse kumene akhala ndi amene amusunga. Ndipo inu amene muli ndi ana kumudzi, mukatuma ndalama mwezi uno, imbani foni. Musathere pa ambuya. Pemphani mwanayo, mumufunse cimene wadya lero, ndiponso ngati nsapato zikali kumukwana.