Bot ya m'chipinda cha Haxball si mbava

Pakati pa osewera Haxball, mpira wa pa browser uja amene Mario Carbajal wa ku Argentina anatulutsa mu 2010, pali mkangano wosatha. Ena amati pulogalamu iliyonse yothandizira ndi kubera basi, kaya ndi bot yoyang'anira chipinda, kaya ndi script imene munthu wabisa mu Chrome wake. Ine zimenezo ndikukana.

Bot imakhala kwa mwini chipinda, ndipo eni masewerawo ndi amene anatsegula khomo: pali Headless API, njira yovomerezeka yoyendetsera chipinda ndi JavaScript popanda munthu kukhala pa kompyuta. Bot imamva wina akalowa, mpira ukamenyedwa, chigoli chikalowa. Ndiye imagawa anthu ku timu yofiira ndi yabuluu, kusunga zigoli, kutulutsa amene wangoima chilili pamene anzake akudikira mpata, kuthamangitsa otukwana. Ndi ntchito ya refa. Timaiona ikulemba mu chat, ndipo lamulo lake limagwera tonse.

Chinyengo chenicheni chimakhala mu kompyuta ya munthu mmodzi. Pali macro yodina batani lomenyera mpira mwaliwiro loti chala sichingafike. Palinso mizere yojambulidwa pa sikirini yake yekha, yosonyeza kumene mpira ulowere akaumenya. Mwini chipinda amangolandira uthenga woti batani ladinidwa, sadziwa ngati ndi chala kapena makina. Chimandiwawa n'chakuti amene wagonja amapita akudziona ngati mbuli pa mpira, chonsecho amalimbana ndi pulogalamu.

Komatu bot nayonso si mngelo. API yomweyo ili ndi setPlayerDiscProperties, imene imatha kusintha kukula kapena kulemera kwa wosewera masewera ali mkati. Ena amapangira nazo masewera atsopano osangalatsa, zili bwino. Koma mwini chipinda akakondera nazo mnzake mwakachetechete, kwa ine ameneyo waposa wa macro uja, chifukwa tinalowa m'chipinda chake titamukhulupirira. Nkhani siili pa makina ayi. Funso n'lakuti: kodi onse akudziwa, nanga onse angathe kugwiritsa ntchito?

Funso lomweli limamasula extrapolation, imene ena amaitcha kubera. Ili m'masewera momwemo, aliyense amangolemba /extrapolation mu chat, ndipo imaonetsa masewera patsogolo pang'ono pofuna kuchepetsa kuchedwa. Ife olowa m'zipinda za ku Ulaya tili kuno, ping itakwera ndi bandulo yomwe ikutha, sitingaletsedwe imeneyo ndi munthu wokhala ku Warsaw pafupi ndi seva.

Eni zipinda, chonde, munthu akangolowa bot yanu izimuuza zimene imachita: ngati imasintha mpira, ngati pali amene amasankhidwa msanga, komanso masekondi angati munthu angaime asanatulutsidwe.