Nkhope ya Marcel Dalio anaifuna, nanga dzina lake analisiyiranji?

Amene anaonerapo filimu ya Casablanca ya 1942 anamuona bamboyu. Ndi uja woyang'anira tebulo la juga pamalo achisangalalo a Rick, amene akupatsa mkulu wa apolisi ndalama zomwe wawina pa nthawi yomwe mkuluyo akulamula kuti malowo atsekedwe chifukwa cha juga yomweyo. Koma mukafufuza pamndandanda wa osewera mufilimuyo, dzina lake mulibe. Zinatheka bwanji kuti munthu amene zaka zitatu zokha m'mbuyomo anali patsogolo mufilimu ya Jean Renoir ku France asanduke wopanda dzina ku Hollywood?

Ameneyu ndi Marcel Dalio. Anabadwira ku Paris mu 1899, makolo ake anali Ayuda ochokera ku Romania, ndipo dzina la kwawo linali Blauschild. Mu 1937 anasewera ngati Rosenthal mu La Grande Illusion, mkaidi wa pankhondo wochokera kubanja lolemera amene amagawana ndi anzake chakudya chomwe akwawo amamutumizira, kenako n'kuthawa m'ndende pamodzi ndi msilikali mnzake, yemwe anali Jean Gabin. Mu 1939 Renoir anamupatsa mbali yaikulu kuposa apo mu La Règle du jeu, ya mwinimalo wa banja lapamwamba, La Chesnaye. Anthu anainyoza filimuyi itangotuluka. Lero ili m'gulu la mafilimu olemekezeka kwambiri padziko lonse.

Funso lowawa lili apa. Ajeremani atalanda Paris mu 1940, chithunzi cha Dalio chinaikidwa pa mapositala pofuna kuonetsa anthu mmene ati Myuda amaonekera. Kodi amene anachita zimenezi anayamba okha kuiona nkhope imeneyi ngati ya munthu wokayikitsa? Ayi ndithu. Opanga mafilimu anali atazolowera kale kumupatsa mbali za kazitape, wachinyengo ndi mlendo wosadalirika. Mu Pépé le Moko ya 1937 anali wopereka mnzake kwa apolisi. Ngati mumuonetsa munthu chaka ndi chaka ali kambelembele chifukwa cha mphuno ndi maso ake, mungadabwe tsiku limene andale ankhanza adzatola chithunzicho n'kuchikhoma pakhoma? Sindikunena kuti opanga mafilimuwo ndiwo anapha anthu. Ndikunena kuti anaphunzitsa maso a oonera, ndipo mlandu umenewo sangauthawe.

Dalio ndi mkazi wake Madeleine Lebeau anathawa kudzera ku Lisbon. Zitupa zolowera ku Chile zimene anagula zinapezeka kuti n'zachinyengo, ndipo anakakamira ku Mexico asanaloledwe kulowa ku America. Abale ake amene anatsala anafera m'ndende za chipani cha Nazi. Ndiye taganizani: Casablanca ndi nkhani ya anthu othawa nkhondo amene akusakasaka zitupa zoti akafikire ku Lisbon. Dalio njira imeneyo anaiyenda ndi mapazi ake. Mkazi wake, amene anasewera ngati Yvonne, dzina lake linalembedwa. Lake bwanji? Mzere umodzi ukanawadyera ndalama zingati eni kampani ya Warner Bros.?

Ku America sanagone ndi njala, zimenezo n'zoona. Anaoneka kachiwiri ndi Humphrey Bogart wa mu Casablanca uja mu To Have and Have Not mu 1944, kenako mu Gentlemen Prefer Blondes ndi Sabrina. Koma ntchito zake zambiri kumeneko zinali zazing'ono, za Mfalansa wa mphindi zochepa wolankhula Chingerezi chopotoka. Kodi luso limene Renoir analiona linatha pamene Dalio anaoloka nyanja? Nanga dziko la France, nkhondo itatha, linamubwezera malo amene linamulanda? Ambiri kwawo amamukumbukira ndi filimu yanthabwala ya 1973, Les Aventures de Rabbi Jacob, momwe dzina la filimuyo ndi la munthu amene iye anasewera, koma wotchuka nayo ndi Louis de Funès.

Anamwalira ku Paris mu 1983. France ndi Hollywood onse anapindula ndi nkhope yake, ndipo onse anamulipira moperewera. Inu owerenga, pezani La Règle du jeu muionere, muone nokha ngati munthu ameneyu anali woyenera kusiyidwa pamndandanda.