MAFUNSO KHUMI A KU SIKELO: KODI ADZATHANDIZA MAYI WA KUMUDZI?

TETE – M'chaka cha 2022 bungwe loona za umoyo pa dziko lonse, OMS, lidatulutsa malangizo atsopano a kasamalidwe ka mayi ndi khanda m'masabata 6 oyamba mayi atachira. Limodzi mwa malangizowo likuti mayi azifunsidwa mafunso ofufuza ngati wagwidwa ndi matenda a maganizo, amene m'Chipwitikizi amawatcha depressão. Koma OMS idamangirirapo mfundo ziwiri: mafunsowo akhale oti adayesedwa kale n'kupezeka kuti amanena zoona, ndiponso pakhale anthu oti apime ndi kuthandiza mayi amene wapezeka ndi vuto. Kwa anthu a ku Angónia, Tsangano, Macanga ndi Chifunde, nkhani yonse yagona pa mfundo ziwirizi.

Matenda osaoneka pa sikelo

Mayi woyembekezera akapita ku posto, enfermeira amamuyeza kulemera, kuthamanga kwa magazi ndi kukula kwa mimba, n'kumupatsa mankhwala oteteza malungo ndi oonjezera magazi. Zonsezi zimaoneka ndi maso kapena ndi chipangizo. Matenda a maganizo saoneka choncho. Mayi amakhala wachisoni tsiku ndi tsiku kwa masabata awiri kapena kupitirira, zimene zinkamukondweretsa sizimukomanso, tulo sitibwera ngakhale mwana atagona, amadziimba mlandu pa zinthu zimene sadalakwe, ndipo ena amafika poganiza kuti kuli bwino kufa. Pamudzi mayi wotere amanenedwa kuti ndi waulesi, wamwano kapena wolodzedwa. Iye mwini akafika ku posto satchula chisoni. Amati mutu ukumupweteka, mtima ukuthamanga, thupi likuphwanya, ndipo amabwerera kwao ndi mapiritsi opha ululu.

Izi n'zosiyana ndi kulira ndi kukwiya msanga kumene kumagwira amayi ambiri ali m'chikuta, pakuti kumeneko kumatha kokha masabata awiri asanakwane.

Kafukufuku wosindikizidwa m'magazini ya OMS mu 2012, wosonkhanitsa zofufuza za m'maiko osauka ndi apakati, adapeza kuti amayi pafupifupi 16 mwa 100 alionse oyembekezera, ndi 20 mwa 100 alionse ochira kumene, amavutika ndi chisoni kapena nkhawa zofika pa matenda. Ndiye kuti pa amayi 30 odikira katemera wa makanda ao, 6 akhoza kukhala otere. Amene ali pangozi kwambiri ndi osauka, atsikana otenga mimba akadali aang'ono, amene mimba sadaifune, omenyedwa ndi amuna ao, ndi osagwirizana ndi apongozi. Vutoli limafikanso kwa mwana. Ku Thyolo, m'dziko la Malawi, kafukufuku wofalitsidwa mu 2008 adaonetsa kuti makanda a amayi ovutika maganizo ankakhala aafupi poyerekeza ndi anzao a miyezi yofanana.

Mafunsowo ndi otani

Pepala lodziwika kwambiri ndi la Edinburgh, limene adalikonza John Cox, Jeni Holden ndi Ruth Sagovsky ku Scotland mu 1987. Lili ndi mafunso 10 okhudza masiku 7 apitawo: ngati mayi akutha kuseka, ngati akuyembekezera zinthu mwachimwemwe, ngati akuchita mantha popanda chifukwa, ngati akulira kawirikawiri, ndi ena otero. Yankho lililonse limapatsidwa malikisi kuyambira 0 mpaka 3, onse pamodzi 30. Kwao ku Scotland, mayi wofika 13 ankatumizidwa kukapimidwa. Funso lachikhumi limafunsa ngati mayi waganizapo zodzivulaza, ndipo akavomera, ayenera kuthandizidwa tsiku lomwelo, malikisi ake achuluke kapena achepe.

Okonza pepalali adasiya dala mafunso a kutopa ndi kusafuna chakudya, podziwa kuti mayi aliyense wapakati kapena woyamwitsa amatopa. Apa n'pamene limasiyana ndi mapepala ena awiri. La PHQ-9 lili ndi mafunso 9 okhudza masabata awiri apitawo, malikisi ake kufika 27, ndipo kutopa ndi chakudya zilimo. La SRQ-20, lokonzedwa ndi OMS, lili ndi mafunso 20 oyankha inde kapena ai, ndipo limafunsa za mutu, m'mimba ndi kunjenjemera kwa manja. Ubwino wake ndi wakuti limalankhula monga momwe anthu akumudzi amafotokozera mavuto ao. Kuipa kwake n'kwakuti malungo, kuchepa magazi ndi njala ya mu Janeiro nazonso zimapweteketsa mutu ndi kufooketsa thupi.

Pepala limapeta, silipima

Mafunsowa ali ngati lichero: amapatula amayi ofunika kuwaonetsetsa, koma sanena kuti uyu akudwala. Ena amapeza malikisi ambiri chifukwa maliro angochitika kumene pakhomo pao, ena odwala zenizeni amapeza ochepa chifukwa cha manyazi. N'chifukwa chake ngakhale maiko olemera sagwirizana pa nkhaniyi. Ku United States, gulu la akatswiri lolangiza za kupewa matenda lidati mu 2016 amayi apakati ndi ochira kumene azifunsidwa, bola pakhale njira yowathandizira. Ku Canada, gulu longa lomwelo lidakana mu 2022 kuti pepala liziperekedwa kwa mayi aliyense, ponena kuti umboni wakuti limaposa kucheza bwino kwa namwino ndi mayi ndi wosakwanira. Magulu onsewa amagwirizana pa chimodzi: mayi afunsidwe za mumtima mwake, ndipo yankho lake lisathere pa pepala.

Funso lifike m'chinenero cha mayi

Mapepalawa adakonzedwa kuti mayi aziwerenga yekha ndi kuchonga yekha. Kalembera wa 2017 adapeza kuti pafupifupi theka la akazi akuluakulu mu Moçambique sadziwa kulemba ndi kuwerenga, ndipo kumidzi chiwerengerocho n'chokwera kuposa apa. Choncho mafunso ayenera kuwerengedwa mokweza ndi munthu wina, ndipo ayenera kumveka.

Mu Moçambique, pepala la PHQ-9 lidayesedwa m'chigawo cha Sofala ndi dotolo Vasco Cumbe ndi anzake, pa anthu oposa 500, kuphatikizapo amayi a ku sikelo ndi ochira kumene, ndipo zotsatira zidafalitsidwa mu 2020. Imeneyo ndi ntchito yaikulu. Koma mayi wa ku Domue kapena ku Furancungo amaganiza ndi kulira m'Chinyanja. Enfermeira akamamasulira yekha mafunso a m'Chipwitikizi pomwepo, lero mwanjira iyi, mawa mwanjira ina, malikisi ake sadalirika. Mwachitsanzo, funso lina la Edinburgh m'Chingelezi limanena za zinthu zokwera pamwamba pa munthu, pamene tanthauzo lake ndi lakuti mavuto amukulira. Womasulira liwu ndi liwu amasokoneza mayi.

Apa malire ali ndi phindu lake. Ku Malawi, Robert Stewart ndi anzake adayesa SRQ-20 ya m'Chichewa pa amayi a makanda ku chipatala cha Thyolo, zotsatira zake mu 2009, kenaka adayesa SRQ-20 ndi pepala la Edinburgh pa amayi oyembekezera ku Mangochi, zotsatira zake mu 2013. Mapepala onse awiri adapezeka kuti amagwira ntchito akawerengedwa mokweza. Chinenero cha ku Ulongwe ndi cha ku Dedza n'chimodzi, kusiyana kwake ndi mau obwereka ochepa chabe. Akulu a zaumoyo m'chigawo cha Tete sangavutike kuyambira pachiyambi: akhoza kutenga ntchito imeneyi, kuikonza ndi kuiyesa pa amayi a kuno kuti malire a malikisi oyenera adziwike.

Malo ofunsira nawonso ndi nkhani. Mayi sanganene kuti mwamuna wake amamumenya, kapena kuti adaganizapo zomwa mankhwala a mbewu, pamene apongozi ake aima pakhomo ndipo amayi anzake akumvetsera pa benchi. Popanda chinsinsi, yankho la aliyense limakhala limodzi: ndili bwino.

Pambuyo pa mafunso

Funso lolemera kwambiri ndi ili: mayi akapezeka ndi malikisi 15, apite kwa yani? Madotolo a matenda a maganizo ndi ochepa m'dziko muno, ndipo ambiri ali m'mizinda ikuluikulu. Pofuna kutseka mpata umenewu, Ministério da Saúde idayamba mu 1996 kuphunzitsa ma técnico de psiquiatria, ndipo pofika 2014 adali atafikira ma distrito onse a nthawi imeneyo. Koma técnico amakhala ku sede, ndipo amasamalanso a khunyu, a misala ndi a mowa. Mayi wa mwana wa mwezi umodzi, wopanda ndalama ya chapa, m'nyengo ya mvula ndi yopalira, n'zovuta kuti ayende ulendo umenewo kanayi kapena kasanu.

Maiko ena adaonetsa kuti thandizo likhoza kuchokera pafupi. Ku Rawalpindi, m'dziko la Pakistan, Atif Rahman ndi anzake adaphunzitsa azimayi a zaumoyo a m'midzi kuyendera amayi apakati odwala maganizo ndi kucheza nao mwa dongosolo. Zotsatira za mu 2008 zidaonetsa kuti patatha miyezi 6 atachira, amayi 23 mwa 100 oyenderedwa motero adali akudwalabe, poyerekeza ndi 53 mwa 100 a gulu linalo. OMS idatenga njirayi n'kuilemba m'buku la malangizo mu 2015. Ku Harare, dotolo Dixon Chibanda adaphunzitsa agogo aakazi kukhala pa benchi pabwalo la chipatala ndi kumvetsera anthu odwala chimene Ashona amati kufungisisa, ndiko kuganiza kwambiri.

M'midzi ya m'malire anthu otere alipo kale: ma APE amene amayenda khomo ndi khomo, azamba amene amaperekeza amayi ku maternidade, anankungwi ndi amayi a m'mipingo. Chimene akusowa ndi maphunziro, wowayang'anira, ndi njira yodziwika yotumizira kwa técnico mayi amene matenda ake akula, pakuti ena amafunika mankhwala, ndipo alipo mankhwala amene dotolo angapereke kwa mayi woyamwitsa.

Pamene izi zikudikiridwa, banja lili ndi mbali yake. Mutu umodzi susenza denga: mayi wochira kumene amafunika womutungira madzi, womulandira mwana kuti agoneko, ndi womumvetsera osamudzudzula. Chisoni chikapitirira masabata awiri, aperekezedwe ku posto ndipo anene momveka kuti vuto lili m'maganizo. Akayamba kulankhula zodzipha, kukana mwana, kusagona masiku angapo, kapena kumva mau amene ena sakuwamva, zimene zimachitikira mayi mmodzi kapena awiri mwa 1000 alionse, asasiyidwe yekha ndi khanda, ndipo atengeredwe ku chipatala tsiku lomwelo.

Mafunso 10 a Edinburgh amatenga mphindi pafupifupi 5. Kuti mphindi zimenezi zipindulire mayi wa ku Tsangano, pafunika pepala la m'Chinyanja loyesedwa, chipinda chotseka, ndi munthu wophunzitsidwa wokhala pa mtunda woti mayi akhoza kuyenda ali ndi mwana kumbuyo.