Meiko Kaji sanatoledwe ndi Tarantino

Zimandiwawa ndikamva okonda mafilimu akunena kuti Meiko Kaji anatchuka chifukwa cha Quentin Tarantino. N'zoona kuti Tarantino anaika nyimbo ziwiri zoimba mayiyu mu Kill Bill, imene gawo lake loyamba linatuluka mu 2003, ndipo anatapa zambiri mu Lady Snowblood, filimu ya 1973 imene Kaji anaseweramo. Koma wobwereka mphika sasanduka woumba.

Pofika 1970, wailesi ya kanema inali italanda anthu m'nyumba zoonetsera mafilimu ku Japan. Nikkatsu, kampani imene Kaji analowa mu 1965, inaganiza zopulumukira pa matupi a akazi, ndipo mu 1971 inayamba mafilimu olaula otchedwa Roman Porno. Kaji anakana, nachoka n'kulowera ku Toei.

Nako ku Toei sikunali koyera. Female Prisoner 701: Scorpion ya 1972, yoyamba pa mndandanda wa mafilimu amene Kaji anaseweramo kumeneko, ndi nkhani ya ndende ya akazi, kumene alonda amavula ndi kumenya akaidi, kamera ili duu pa thupi la mkazi kuti amuna ogula matikiti akhutire. Amene masiku ano amati mafilimuwa anapangidwira ufulu wa amayi akutinamiza. Anapangidwira ndalama.

Chimene chimawapatsa moyo mpaka lero ndi Kaji mwini. M'nkhani yazithunzi ya Toru Shinohara, kumene mafilimuwa anachokera, Nami Matsushima, mkaidi amene Kaji anasewera, anali wa pakamwa potukwana, koma Kaji anauza wotsogolera filimu, Shunya Ito, kuti mawu ambiri achotsedwe. Anatsala maso. Taonani poyambira pa filimu yachiwiri, Jailhouse 41: Nami wagona pansi m'chitolokosi chonyowa, manja omangidwa kumbuyo, waluma supuni ndi mano, akuinola pansi pang'onopang'ono kuti ikhale mpeni. Salankhula kanthu. Woonera amene anabwera kudzadyetsa maso amayamba kuchita nthumanzi, poti amene akuyang'anidwa tsopano ndi iyeyo.

Nzeru yotereyi siichokera ku ofesi ya kampani. Imachokera kwa munthu wodziwa ntchito yake, ndipo mu 1978 Kaji anaonetsanso zimenezi mu The Love Suicides at Sonezaki ya Yasuzo Masumura, nalandira mphoto zikuluzikulu za ku Japan monga ya Blue Ribbon. Nanga bwanji olemba za mafilimu akumangomutchulabe mfumukazi ya mafilimu a magazi ndi umaliseche? Dzina limenelo likuyenera mabwana a Nikkatsu ndi Toei amene ankawerenga ndalama. Pa Scorpion, dzina la Kaji lilembedwe pambali pa la Ito monga mmisiri mnzake.