Foni Yakhoma? Osathamangira "Crack" Bane!

Bane, izi zimachitikira aliyense. Mwana wasewera na foni, wasintha pattern. Olo wauka pa Sande na babalazi, PIN yathawa m'mutu. Pamenepo mnzako akuti: "Osavutika mwana, nili na software ya crack pa laptop, ni 5 minutes chabe." Yamba waima.

Crack ni pulogalamu yogulitsa imene wina anaithyola kuti ikhale ya mahala. Manje dzifunse: wothyolayo adyapo chani? Nthawi zambiri amabisamo virus. Ndiye chifukwa chake imakuuza kuti uzime antivirus usanaiike. Ukazima, watsegulira kawalala chitseko wekha. Ma password ali pa laptop angapite, na foto ya NRC yomwe. Mu foni namo angakulowetsere ka app kobisala kowerenga ma SMS, mwamene mumafikira ma code a banki. Malipiro a mwezi wonse angathe uli gone. Nthawi zina foni imaferatu, osayakanso.

China, mafoni a masiku ano amamanga mafoto na mauthenga ako na PIN ija. Wokulonjeza kuti achotsa PIN popanda kufafaniza kanthu, musamale.

Kiyi yeniyeni ni akaunti yako. Ngati ni Android, bwereka foni ya mnzako, lowa pa Find Hub ya Google na Gmail yako, ufafanize foni yokhomayo. Ikayaka idzafunsa Gmail imodzimodziyo, ndipo zonse zinali pa backup zidzabwerera. Password ya Gmail nayo waiwala? Ibweze pa g.co/recover, koma ukaisintha lindira maola 24 usanachite reset. Pa iPhone, ukalakwitsa kangapo imakupatsa mwayi wofafaniza na akaunti yako ya Apple.

Zikakanga, nyamula lisiti na bokosi, upite ku service centre yovomerezeka ya kampani inapanga foniyo. Nambala ya IMEI ndiyo umboni wako. Iwe amene foni ikali bwino, dina *#06# lero, uilembe m'buku pamodzi na Gmail yako, uyatsenso backup.

Ndipo ukagula second-hand mu Katondo olo ku City Market, wogulitsa achotse akaunti yake iwe uli pomwepo. Akayamba "tizachita flash chabe", bweza ndalama m'thumba. Mwina mwini wake akali kuilira, ndipo apolisi akabwera adzaipeza m'manja mwako.

Kutaya mafoto kumawawa, zoona. Koma kutaya ndalama ya lendi kumawawa kupambana. Tionana sabata ya mawa!