Netiweki sithawa yokha

Kuseri kwa nyumba ya agogo anga ku Phalombe kuli chulu chimene pamwamba pake sipamera udzu. Udzuwo unatha ndi mapazi, chifukwa aliyense wa pamudzi pathu akafuna kuimba foni amakwera pomwepo. Tchuthi chapitachi ndinakwera chulucho kasanu tsiku limodzi, kufuna kutumiza ntchito ya kusukulu imene inkafunika kufika 5 koloko madzulo isanakwane. Inapita 7 koloko itadutsa. Ulendo wachinayi ndikutsika, agogo anandifunsa ali pamkeka:

"Yagwira?"

"Ayi agogo, yathawanso."

"Pepa mdzukulu wanga. Lero kunja kuli mitambo."

Ndinaseka, koma usiku wake mawu amenewa anandisowetsa tulo. Agogo anayankhula za netiweki ngati mmene amayankhulira za mvula, ndipo ine amene ndimaphunzira za zilankhulo ku yunivesite ndinali nditayankhula chimodzimodzi. Nditaganiza bwino ndinaona kuti tonse timatero, ophunzira ndi osaphunzira omwe. Ine ndikuti kayankhulidwe kameneka kakutipweteka.

Tiyambe ndi mawu enieniwo. Netiweki ndi mawu obwereka amene anafika ndi mafoni a m'manja. Kumene anachokera amatanthauza zinthu zambiri zolumikizidwa pamodzi ngati ukonde wa asodzi a ku Chilwa: foni yanu ilumikizane ndi nsanja, nsanjayo ilumikizane ndi nsanja zina kapena ndi nthambo za pansi pa nthaka, mpaka uthenga ukafike kumene ukupita. Koma mvetserani mmene timawagwiritsira ntchito ife. Nthawi zambiri timatchula netiweki pamene palibe. Munthu amene foni yake ikugwira bwino satchula mawuwa n'komwe, amangoimba. Ukamva wina pamsika wa Migowi akungoti "netiweki" uku akupukusa mutu, wamva kale kuti zinthu sizikuyenda. Mawu amene kwawo amatanthauza kulumikizana, kuno asanduka dzina la kusalumikizana.

Onaninso aneni amene timawaphatikiza nawo. Netiweki yathawa. Yavuta. Yapita. Yabwera. Ikudukaduka. Sikugwira. M'ziganizo zonsezi netiwekiyo ndiyo ikuchita zinthu, ngati kuti ili ndi miyendo ndi mtima wake. Mulibe munthu m'menemo. Mbuzi ikathawa timafunsa amene anasiya khola losatseka. Madzi akasiya kutuluka pamjigo timapita kwa a komiti. Koma netiweki ikathawa timangoyang'ana kumwamba n'kudikira, monga timachitira mvula ikadula mu Januwale.

Chonsecho mawu amodziwa akubisa mavuto osiyanasiyana, ndipo lililonse lili ndi mwini wake. Pali malo amene nsanja ili kutali kapena yatsekedwa ndi phiri. Ife a kuno, amene tili pakati pa Michesi ndi phiri la Mulanje, tikudziwa kuti ukangokhota pang'ono timizere ta pafoni timazima. Pali nthawi imene nsanja ilipo koma magetsi azima, mabatire atha, ndipo jenereta ilibe mafuta. Pali nthawi imene nsanja ikugwira koma anthu achuluka kuposa mphamvu yake, monga tsiku la msika. Pali pamene timizere tonse tadzaza koma pakona pali chilembo cha E, kusonyeza kuti foni yagwa pa 2G: kuimba mungaimbe, koma kutumiza chikalata mudikira mpaka nsima izizire. Pali pamene foni ndi nsanja zili bwinobwino koma kompyuta ya ku likulu la banki kapena la ofesi ndiyo yaima. Ndiye pali vuto lomaliza, limene sitikonda kulitchula: bandulo yatha ndipo ndalama yogulira ina palibe. Zonsezi timazikulunga mu nsalu imodzi n'kulembapo kuti netiweki.

Mawu akakhala otakasuka chotere, aliyense amabisalamo. Wangongole akaona nambala yanu amayankha kuti, "Halo? Halo? Sindikukumvani, netiweki," ali khale pansi pa nsanja. Chibwenzi chikayamba kuzirala, woyamba kunamiziridwa ndi netiweki. Tafika mpaka ponena munthu amene sakumvetsa zinthu msanga kuti netiweki yake sikugwira. Izi n'zoseketsa, ndipo zikusonyeza kuti mawuwa akhazikika m'Chichewa, si alendonso. Koma nthabwala imatha ukafika pawindo la ofesi.

Chaka chatha ndinaperekeza azakhali anga ku ofesi ina kukatsata chikalata. Tinadzuka m'mamawa, tinalipira kabaza, tinaima pamzere. Cha m'ma 10 koloko bambo wina anasuzumira pawindo n'kunena kuti, "Netiweki yavuta, mubwere mawa." Anthu oposa makumi atatu tinabalalika popanda ndi mmodzi yemwe wofunsa. Mwina bamboyo ananena zoona. Mwinanso ayi. Chimene chikundivuta n'chakuti panalibe njira yodziwira, ndipo palibe amene anaona kuti ali ndi ufulu wofunsa. Azakhali anataya ndalama ya ulendo ndi tsiku lathunthu la kumunda, pobwerera n'kumangoti, "Nanga titani, ndi netiweki."

Kuno ku Phalombe tili ndi mawu ena akale amene amagwira ntchito yofananako. M'mwezi wa Malichi 1991 madzi, matope ndi miyala zinatsika m'phiri la Michesi n'kupha anthu mazanamazana. Akuluakulu anati wadutsa napolo, chinjoka chimene amati chimakhala m'phiri ndipo chikamasamuka chimakokolola zonse za m'njira yake. Sindikunyoza mawu amenewa. Anathandiza anthu kutchula chinthu choopsa chimene chinawaposa mphamvu. Koma napolo alibe ofesi. Sungamulembere kalata, sungamufunse chifukwa chake. Mantha anga ndi akuti netiweki tayiika m'gulu limodzi ndi napolo, pamene iyo ili ndi eni ake, ili ndi chiphaso cha boma, ndipo timailipira tsiku ndi tsiku.

Wina anena kuti ndikukulitsa nkhani ya mawu chabe. Zikanakhala zaka makumi awiri zapitazo ndikanavomera, chifukwa nthawi imeneyo foni inali ya anthu ochepa ndipo moyo unkayenda popanda iyo. Lero sizili choncho. Airtel Money inayamba mu 2012, Mpamba wa TNM mu 2013, ndipo tsopano ndalama imene mwana wa ku Joni kapena ku Blantyre amatumizira mayi ake imadutsa pafoni. Mlimi wa nandolo amafuna kumva mtengo wa ku Limbe asanagulitse kwa vendala. Ndondomeko ya zipangizo zaulimi zotsika mtengo ya AIP itayamba mu 2020, kugula fetereza kunadalira kuti makina awerenge chiphaso cha unzika, ndipo nyuzipepala zinalemba kambirimbiri za alimi ogona pamizere chifukwa cha netiweki, mvula ikugwa, nthawi yothira fetereza ikudutsa. Sukulu zitatsekedwa mu Malichi 2020 chifukwa cha Covid-19, amene anali ndi intaneti anapitiriza kuphunzira, ena tonse tinakhala. Boma, mabanki ndi masukulu asamutsira zitseko zawo pafoni. Amene alibe netiweki watsekeredwa kunja.

Ndipo pa Freddy, mu Malichi 2023, tinaona mbali yowawa kwambiri. Namondweyu anapha kapena kusowetsa anthu oposa 1,000 m'dziko muno, ndipo Phalombe inali m'gulu la maboma amene anakhudzidwa koposa. Madera ngati Nkhulambe anadulidwa misewu ndi milatho zitakokoloka. Ambiri amene tinali kutali tinakhala masiku tikuimba manambala a abale osadutsa, osadziwa ngati foni yathera moto, ngati nsanja yagwa, kapena ngati mwini foniyo kulibenso. Pamasiku amenewo mawu akuti "netiweki palibe" sanali nthabwala. Anali kusiyana kwa kudziwa ndi kusadziwa ngati mayi ako ali moyo.

Ndiyenera kunena chilungamo mbali inayo. Mapiri ndi enieni, ndipo mafunde a foni sabowola thanthwe. Kumanga nsanja kumudzi n'kodula, ndipo kampani imayang'ana kumene ingabweze ndalama zake. Magetsi a dziko lonse ndi osadalirika. Namondwe Ana ataononga malo opangira magetsi a Kapichira mu Januwale 2022, dziko linataya pafupifupi mamegawati 130 kwa nthawi yoposa chaka. Malawi alibe nyanja yamchere, choncho intaneti yathu imadzera m'nthambo zodutsa m'mayiko oyandikana nawo monga Tanzania ndi Mozambique, ndipo ikaduka kumeneko ife timamva kuno. Palinso anzathu ena amene amaba mabatire ndi mafuta pa nsanja, kenako n'kumadandaula nafe limodzi. Zonsezi n'zoona. Koma taonani kuti chilichonse mwa zifukwa zimenezi chili ndi dzina, ndipo chikatchulidwa dzina chimaoneka pogwira. Phiri silingasunthe, koma nsanja ina ingamangidwe kuseri kwake. Magetsi akamazimazima, pali mphamvu ya dzuwa. Wakuba ali ndi mudzi ndi mfumu yake.

Sindikunenanso kuti tisiye mawu akuti netiweki n'kupeka ena a Chichewa chenicheni. Tinabwereka sukulu, buku ndi galimoto, ndipo palibe chimene chinatichepera. Vuto si kumene mawu anachokera. Vuto ndi lakuti tawalola kukhala mawu otsekera nkhani, pamene anayenera kukhala oyambira nkhani.

Ndiye pempho langa kwa anzanga ophunzira ndi amene mwangomaliza kumene ndi laling'ono: tiphunzire kufunsa funso lachiwiri. Akatiuza kuti netiweki yavuta, tifunse mwaulemu: "Pepani bambo, yavuta ndi ya foni kapena ndi makina a ofesi? Mwawadziwitsa akuluakulu? Tidikire mpaka nthawi yanji? Palibe njira yolembera papepala kuti amayiwa asabwerenso mawa?" Safunsa anadya phula. Tikakhala kumudzi pa tchuthi, tilembe m'kope: tsiku lakuti, malo akuti, kuyambira nthawi yakuti mpaka yakuti foni sinagwire. Dandaulo lokhala ndi masiku ndi malo limalemera kuposa kung'ung'udza kwa pachulu. Tikapereke ku kampani imene timailipira, ndipo ikapanda kuyankha, kuli bungwe la MACRA limene linakhazikitsidwa kuti liziyang'anira makampani amenewa. Lamulo la zofalitsa mauthenga la 2016 linakhazikitsanso thumba la Universal Service Fund, limene ntchito yake ndi kufikitsa mauthenga kumadera amene makampani saonako phindu. Khansala ndi phungu wathu tiziwafunsa za thumba limeneli monga timawafunsira za mlatho ndi mjigo. Ambiri a makolo athu sadziwa kuti zinthuzi zilipo. Ife amene anatigulitsira mbuzi kuti tipite kusukulu tikudziwa, kapena tiyenera kudziwa.

Tsiku lobwerera kusukulu ndinayesa kuwafotokozera agogo zonsezi. Ndinawauza kuti netiweki si mvula, kuti pali anthu amene amalandira malipiro kuti iyo igwire. Anandimvetsera mpaka kumapeto, kenako anati, "Ndiye ukawauze anthu akowo kuti chulu changa chatha ndi mapazi."

Ndawalonjeza kuti ndikanena. Kope lija ndayamba kale kulemba, ndipo tsamba loyamba ladzaza.