Barbra Banda wa pa njinga ali kuti?

Pa 27 September 2025, mumzinda wa Kigali ku Rwanda, azimayi a mipikisano ya njinga anathamanga mtunda wa makilomita oposa 160, kukwera ndi kutsika mapiri. Anapambana ndi Magdeleine Vallieres wa ku Canada. Aka kanali koyamba kuti mpikisano wa dziko lonse wa njinga za pamsewu wa bungwe la UCI uchitikire mu Africa. Miyezi iwiri m'mbuyo mwake, Kim Le Court wa ku Mauritius anavala malaya achikasu a wotsogolera pa Tour de France Femmes, mzimayi woyamba wa mu Africa kutero. Dziko lake lili ndi anthu ochepa kuposa a mu Lusaka muno.

Njinga si yachilendo kwa ife. Ku Chipata ndiye takisi, ndipo kale kunali fakitale ya Luangwa Industries yomwe inkapanga njinga. Mu Lusaka imanyamula makala ndi ndiwo zopita ku Soweto Market. Miyendo yamphamvu ilipo. Koma yang'anani amene amapalasa m'mawa pa Leopards Hill Road atavala zipewa zodzitetezera: ambiri ndi amuna, ndiponso ndi a ndalama zawo.

Chopinga choyamba chili m'nyumba zathu. Pakali makolo amene amakamba kuti mtsikana wokwera njinga adzataya unamwali kapena sadzabala. Limeneli ndi bodza, ndipo ife achinyamata tizilitsutsa mwaulemu pomwepo pamene lakambidwa.

Chachiwiri ndi msewu. Mtsikana wa ku Chelstone akafuna kuyeserera pa Great East Road, apikisana ndi minibasi zoima paliponse, ndi ang'wang'wazi omukuwiza. Pa Burma Road ku Kabwata nkhani ndi yomweyo. Kholo lomuletsa pa chifukwa ichi sitingalinene kuti ndi lachikale.

Mpikisano wa pamsewu suphunziridwa uli wekha pabwalo la nyumba. Ndi masewera a gulu. Wopalasa kumbuyo kwa mnzake amabisala ku mphepo n'kusunga mphamvu, ndipo timu yonse imagwirira ntchito munthu mmodzi kuti akathamange kothera. Kuyenda moyandikana chonchi pa liwiro lalikulu kumafuna msewu wautali wopanda magalimoto.

Kigali inayamba mu 2016 kutseka misewu ina pa Sondo m'mawa kuti anthu azithamanga ndi kupalasa njinga. Lusaka City Council, apolisi ndi RTSA angachite chimodzimodzi kamodzi pamwezi, kuyambira 6 koloko mpaka 9 koloko, pa chigawo cha Independence Avenue cholowera ku Woodlands. Sipafunika kumanga chilichonse. A Cycling Association of Zambia abwere ndi wotchi ndi kabuku, akonze mpikisano wa atsikana wolola njinga iliyonse, kaya Buffalo kaya yogula pa salaula, ndipo alembe nthawi ya aliyense. Njinga zodula zidzabwera pambuyo, akadziwika amene ali ndi liwiro. Masitolo ndi makampani a ku Kabulonga sangaike ndalama pa mwana amene sanamuonepo akuthamanga.

Ena ati, ndi mtengo wa unga ndi kuzima kwa malaiti, za njinga n'zamasewera chabe. Mpira wa akazi unkanyozedwanso chonchi. Lero Copper Queens anafika ku World Cup ya 2023, Barbra Banda anasankhidwa kukhala wosewera wamkazi wopambana mu Africa mu 2024, ndipo Racheal Kundananji atapita ku Bay FC anagulidwa pa mtengo umene unali usanalipiridwepo pa wosewera wamkazi. Onsewa anayamba chifukwa panali bwalo, ngakhale lafumbi. Ndipo msewu wotetezeka sungathandize othamanga okha. Mtsikana wozolowera njinga amasunganso ndalama ya basi popita ku koleji.

Ife a pa wailesi za m'madera tili ndi mbali yathu: kulengeza maina a atsikanawa ndi nthawi zawo monga timachitira ndi zigoli za mpira. Inu muli ndi khansala wa wadi yanu. Mufunseni za msewu wa pa Sondo, ndipo akazengereza mufunsenso pa pulogalamu yoimba foni. Ngati pakhomo pali njinga imene imakweredwa ndi anyamata okha, sabata ino mupatseni mlongo wanu.